Sitolo ya M'buku

Malonda amene anthu ambiri adawazolowera ndi a maso ndi maso. Wogula amafika pamsika, nagwira nsalu, naiyang'ana padzuwa, nanenerera mtengo mpaka awiriwo atamvana. Ndalama imachoka m'dzanja ili pamene katundu akulowa m'dzanja linalo, ndipo ngati pali chinyengo chimagwidwa pomwepo. Koma alipo malonda a mtundu wina amene wogula ndi wogulitsa saonana nkhope moyo wawo wonse. Wogulitsa amatumiza buku la zithunzi ndi mitengo, lotchedwa katalogi. Wogula amasankha chimene mtima wake wakonda, nalemba kalata, natumiza ndalama, kenaka n'kukhala pansi kudikira. Malonda otere adafika m'chigwa cha Shire, ku Chikwawa ndi ku Nsanje, kudzera pa positi, ndipo kwa zaka zambiri adaveka aphunzitsi, makalaliki, abusa ndi akwati. Popeza ndalama ndiyo inkatsogola katundu n'kumatsatira pambuyo, malondawa sakadatheka popanda wina woimirira pakati, wokhulupirika kumbali zonse ziwiri, monga muja aimira nkhoswe pa ukwati.

Kugulitsa katundu pakalata kudakhwima ku Ulaya ndi ku America m'zaka za m'ma 1800, pamene zinthu ziwiri zidakumana, ndizo njanji ndi positi yotsika mtengo. Mu 1861 Pryce Pryce-Jones, mwini sitolo ya nsalu m'tauni yaing'ono ya Newtown ku Wales, adayamba kutumiza timapepala ta mitengo ya nsalu zaubweya kwa anthu akutali, ndipo maoda adayamba kumupeza pakhomo. M'kupita kwa nthawi ngakhale Mfumukazi Victoria idakhala m'gulu la ogula ake. Ku America, Aaron Montgomery Ward wa mumzinda wa Chicago adatulutsa katalogi yake yoyamba mu 1872. Idali pepala limodzi lokha, lotchula katundu wa mitundu 163. Ward adali atayendapo m'madera a alimi monga wotsatsa malonda, ndipo adaona momwe eni masitolo a kumidzi ankakwezera mitengo podziwa kuti mlimi alibe kwina kolowera. Tsono iye adaganiza zogula katundu wambiri nthawi imodzi ndi kumutumiza yekha kwa mlimi. Pasanapite zaka zambiri adaonjezerapo lonjezo lakuti wosakhutira abweze katundu ndipo ndalama yake ibwerera.

Wina amene adatchuka kuposa onsewa ndi Richard Sears, kalaliki wa pasiteshoni ya njanji ku Minnesota. Mu 1886 padafika bokosi la mawotchi limene mwini sitolo wina adalikana. Sears adaligula, nagulitsa mawotchiwo kudzera mwa anzake a m'masiteshoni ena, ndipo phindu lake lidamuchititsa kutsanzika ntchito ya njanji. Kampani ya Sears, Roebuck imene idabadwa pambuyo pake idakula kwakuti pakati pa 1908 ndi 1940 inkagulitsa ngakhale nyumba pakalata: matabwa odulidwa kale, zitseko, misomali ndi kabuku ka malangizo, zonse zinkafika pa sitima. Kummwera kwa dzikolo, kumene anthu akuda ankaimitsidwa kumbuyo m'masitolo mpaka Azungu onse atathandizidwa, katalogi idali mpumulo waukulu, pakuti kalata siionetsa khungu la woilemba.

Nanga malonda oyambira kutali chotere adafika bwanji m'dziko la Amang'anja ndi Asena? Lero munthu wa ku Lilongwe amaona chigwa cha Shire ngati kumathero kwa dziko, koma kale kumeneko kudali kukhomo. Mlendo, kalata ndi belo la nsalu zochokera kutsidya kwa nyanja zinkalowera ku Chinde, pamathiriro a Zambezi, n'kukwera ndi sitima za pamadzi kudzera ku Port Herald, kumene tsopano ndi ku Nsanje, mpaka ku Chiromo, pamene Ruo amathira mu Shire. Madzi akachuluka, sitima zinkafika kwa Katunga, kufupi ndi boma la Chikwawa. N'chifukwa chake Chiromo ndi Port Herald adali m'gulu la malo oyamba kukhala ndi positi ofesi pamene boma la Atsamunda lidakhazikitsa ntchito ya mtengatenga mu 1891. Kuchokera kumeneko matumba a makalata ankasenzedwa ndi amuna oyenda pansi, kukwera mapiri kupita ku Blantyre ndi ku Zomba. Mu 1908 njanji yochokera ku Port Herald kudzera ku Chiromo idafika ku Blantyre, ndipo mu 1935 mlatho wa Dona Ana, wotalika makilomita oposa 3, udalumikiza magombe awiri a Zambezi. Kuyambira apo katundu wotsika ku doko la Beira ankabwera pa njanji ulendo wonse, ndipo sitima inkaona mikunkhu ndi milambe ya m'chigwa isanaone Blantyre.

M'matumba a makalata amenewo ndi momwe mudabwera makatalogi. M'maiko a mu Africa amene ankalamulidwa ndi Britain mudatchuka makampani monga Lennards ya ku Bristol, yogulitsa nsapato, ndi Oxendale ndi J. D. Williams a ku Manchester, ogulitsa zovala ndi ziwiya za m'nyumba. Mmodzi mwa anthu amene adawadziwa bwino malondawa adali mphunzitsi wina wa pasukulu ya mishoni kufupi ndi Chiromo, amene adayamba kugwira choko m'zaka za m'ma 1950. M'dera lonselo palibe ankamutchula dzina. Ana ndi akulu omwe ankangoti Aphunzitsi.

Katalogi yoyamba Aphunzitsi adaiona kwa mnzawo, kalaliki wa pasiteshoni, ndipo adaibwereka usiku umodzi wokha. Iwo ankafuna nsapato zachikopa. Pa sitolo ya Mmwenye padali nsalu, mchere, palafini, makasu ndi nsapato za tenesi, koma nsapato zoyenera munthu woima patsogolo pa kalasi padalibe. Ku Blantyre zidaliko, koma ulendo wake udali wodula, ndipo m'masitolo ena a Azungu masiku amenewo munthu wakuda ankagulira pawindo, chipewa chili m'manja, osaloledwa kuyesa chimene akugula. Tsono usiku umenewo Aphunzitsi adayatsa koloboyi, naponda papepala loyera, ndipo mkazi wawo adazunguliza pensulo m'mbali mwa phazi kuti a ku Ulaya aone msinkhu wake. Adakopera nambala ya nsapato, mtundu wake ndi mtengo wake mosamala ngati akulemba mayeso. Atalandira malipiro pakutha pa mwezi adapita ku positi kukagula positi oda, ndiko kuti chipepala choimira ndalama chimene wolandira amakasinthitsa ku positi ya kwawo. Mkulu wa positi adang'amba kachidutswa ka m'mbali nawapatsa, nati, "Aka musataye, Aphunzitsi. Ndiko mboni yanu."

Kudikira ndiko kudali chiyeso. Kalata inkayenda masabata angapo popita, ndipo mtokoma unkayenda nthawi yoposa pamenepo pobwera, chifukwa unkadzera panyanja. Anzawo adawaseka kuti adyetsa ng'ona malipiro a mwezi. Mkazi wawo sadanene kanthu, koma Aphunzitsi ankadziwa kuti ndalama imeneyo ikadagula thumba la mapira. Tsiku lililonse lofika sitima ankatuma mwana wasukulu kukafunsa ku positi, ndipo mwanayo ankabwera chimanjamanja. Paja kuona maso a nkhono n'kudekha. Mwezi wachitatu uli pakati padafika kachikalata kowaitana kuti akalipire msonkho wa kasitomu ndi kutenga katundu wawo. Nsapato zidawakwana, ndipo mudzi wonse udabwera kudzazinunkhiza. Komabe chimene Aphunzitsi adachisunga m'Baibulo mwawo zaka zonse idali kalata imene idabwera m'bokosimo. Kampaniyo idawalembera ndi mawu aulemu omwe aja amene ikadalembera Bwana Disi, kuwathokoza chifukwa cha oda yawo ndi kupempha kuti adzaikumbukirenso. Akadakhala ku Blantyre akadagulira pawindo, koma apa adapeza kuti kutsidya kwa nyanja ndalama yawo ikulemekezedwa mofanana ndi ya wina aliyense.

Sikuti kampaniyo inkachita zimenezi chifukwa cha chifundo ayi. Ulemu udali mbali ya malonda. Wogulitsa pakalata sankalipira lendi ya masitolo m'matauni ambirimbiri, ndipo sankalemba anthu oimirira pa kauntala; nyumba imodzi yaikulu yosungiramo katundu, kufupi ndi njanji, inkatumikira maiko ambiri. Ankagula katundu wochuluka kufakitale pamtengo wotsika, ndipo ndalama ya wogula inkamupeza katunduyo asanachoke pashelefu. Zimene zinkamudyera phindu zidali kusindikiza mabuku a zithunzi, kuwatumiza kwa anthu amene ena mwa iwo sadzagula kanthu, ndi kulandira katundu wobwezedwa. Buku lotumizidwa kwa munthu wosagula lidali ndalama yotayika. Chotero chuma chenicheni cha kampani chidali mndandanda wa mayina ndi makeyala a anthu amene adagulapo kale, ndipo mndandandawo unkasungidwa ngati ng'ombe za m'khola. Aphunzitsi atangogula kamodzi, katalogi idayamba kuwapeza yokha chaka ndi chaka osaiitanitsa.

Wogula naye adayenera kuphunzira kuwerengera. Mtengo wa m'buku sudali mtengo womaliza, pakuti pamwamba pake pankabwera ndalama yotumizira, ya positi oda, ya sitampa ndiponso msonkho. Chinthu chooneka chotchipa pachithunzi chinkatha kufika chitadula kuposa cha kwa Mmwenye. Padalinso vuto la nyengo. Mabuku ena ankakonzedwa poganizira chisanu cha ku Ulaya, ndipo ankafika m'chigwa mwezi wa Okutobala, pamene ngakhale mbuzi zimabisala pansi pa nkhokwe. Sizidali zachilendo kuona bambo akulowa m'tchalitchi ku Ngabu kapena kwa Tengani atavala suti yaubweya wochindikala, thukuta lili kamukamu, koma nkhope yonyada. Zoterezi n'zoseketsa ndithu, koma m'masiku amene zovala zinkanena kuti uyu ndi bwana, uyu ndi wantchito, suti imeneyo idali ndi zambiri zoti inene kwa oiona.

Mbiri ya nsapato zija itawanda, khonde la Aphunzitsi lidasanduka sitolo. Loweruka masana ankabwera anthu kudzaona buku. Ambiri sankadziwa kuwerenga, ndipo odziwa kuwerenga Chinyanja sankatha kulemba kalata ya Chingerezi. Ambiri adalibenso keyala, pakuti kumudzi kulibe misewu ya mayina kapena nyumba za manambala. Makalata awo ankadzera pa sukulu, pa mishoni kapena kwa mfumu. Motero Aphunzitsi ndiwo ankalemba, dzina la sukulu yawo ndilo linkakhala pa envulopu, ndipo katundu akafika ndiwo ankasayinira. Pofuna kuthandiza amene sakadatha kupeza ndalama yonse nthawi imodzi, adayambitsa chipereganyu cha anthu 10: aphunzitsi anzawo, mlangizi wa zaulimi, makalaliki awiri ndi telala. Mwezi uliwonse aliyense ankasonkha, ndipo mmodzi ankaitanitsa chimene akufuna. Nzeru yomweyi ndi imene idalemeretsa John Moores ku Liverpool, amene mu 1932 adayamba malonda a pakalata a Littlewoods pogwiritsa ntchito timagulu ta anthu osonkha sheleni imodzi pa sabata n'kumalandira katundu mosinthana. Aphunzitsi sadamvepo za Moores. Iwo adangotengera zimene amayi a m'mudzi ankachita kale polimitsana minda.

Nyengo yotanganidwa kwambiri idali yogulitsa thonje, pamene ndalama inkalowa m'midzi kamodzi pa chaka. Pamenepa padali chinthu chimene Aphunzitsi ankakonda kuchiloza kwa ana a m'kalasi yawo. Bungwe la British Cotton Growing Association, limene kwa zaka zambiri linkagula thonje la alimi a m'chigwa, lidakhazikitsidwa ku Manchester mu 1902 pofuna kupezera mafakitale a ku Lancashire thonje lokwanira. Ena mwa makatalogi aja ankachokera ku Manchester komweko. Thonje linkatsika ndi njanji lili m'mabelo pamtengo wochepa, ndipo malaya ankakwera ndi njanji yomweyo pamtengo wa mabasiketi ambiri a thonje. Wopota, woluka, wosoka, wosindikiza buku ndi wonyamula katundu onse ankadyapo, ndipo onsewo adali kutsidya. Fakitale yaikulu ya nsalu ya David Whitehead idatsegulidwa ku Blantyre mu 1967, dziko litalandira kale ufulu.

Ngakhale osagula ankapindula nalo bukulo. Telala wa pakhonde la sitolo ankalibwereka kuti aone kasokedwe ka kolala ndi matumba, ndipo pakutha pa sabata diresi la ku Manchester linkaoneka pa Chiromo litasokedwa ndi nsalu ya kwa Mmwenye, pamtengo wochepa kwambiri. Ana adaphunziramo mayina a Chingerezi a zinthu zimene sadazionepo. Buku likatha ntchito, masamba ake ankamatidwa pakhoma, ena ankakutira makope, ndipo otsala ankathera kwa agogo opichira fodya wa chingambwe.

Koma kumene kuli kukhulupirirana akuba sasowa. Chaka china, thonje litagulidwa bwino, padafika mayi wina wamasiye amene mwana wake wamkazi ankayembekezera ukwati wa mu tchalitchi. M'manja mwake mudali kachidutswa ka nyuzipepala kamene mlamu wake adabwera nako kuchokera ku Joni. Padali chithunzi cha diresi loyera ndi velo, mtengo wake theka la wa m'katalogi ya Aphunzitsi. Dzina la wogulitsa lidali lachilendo, ndipo keyala yake idali nambala ya bokosi la makalata basi, popanda msewu kapena nyumba.

"Mayi, anthu awa sindikuwadziwa," adatero Aphunzitsi. "Bwanji tiitanitse kumene timaitanitsa nthawi zonse, ngakhale likhale losakongola kwambiri?"

"Aphunzitsi, ndalama yanga ndi yomweyi," adayankha mayiyo. "Ndalima ndekha munda wonse uja. Mwana wanga alibe bambo, koma tsiku limenelo ndifuna asaoneke wamasiye. Inu ingondilemberani."

Aphunzitsi adalemba. Mwezi udatha, wachiwiri udatha. Adalembanso kalata yokumbutsa, koma kudali zii. Kalata yachitatu idabwerera yosatsegula, itadindidwa kuti bokosilo lidatsekedwa. Paja adati chikomekome cha nkhuyu m'kati muli nyerere. Koma m'mudzi nkhani siidayende choncho. Anthu sadamuonepo wogulitsayo, ndipo sankadziwa kumene amakhala; amene adamuona akulandira ndalama adali Aphunzitsi. Manong'onong'o adayamba pachitsime, nafika pa bwalo la mowa, ndipo Loweruka lina khonde lija lidakhala lopanda munthu. Achimwene ake a malemu bambo a mtsikanayo adakatula nkhaniyo kwa nyakwawa.

Mlandu udazengedwa pansi pa mtondo. Aphunzitsi adatulutsa kachidutswa ka positi oda, risiti ya kalata yolembetsa ndi envulopu imene idabwerera ija. Mkulu wa positi, amene adayenda pa njinga kudzaperekera umboni, adafotokoza kuti ndalamayo idachokadi m'manja mwa Aphunzitsi tsiku lakutilakuti, ndipo kuti idakatengedwa kutsidya kwa malire ndi munthu amene positi singathe kumupeza tsopano. Nyakwawa idagamula kuti Aphunzitsi sadabe. Komabe idaonjezera mawu ena amene adawalasa mtima kuposa mlanduwo: kuti wolemba kalata ali ngati nkhoswe, ndipo nkhoswe siipereka mwana kwa munthu amene siikudziwa kwawo. Aphunzitsi sadatsutse. Mawa lake adagulitsa mbuzi ziwiri, nagula nsalu yoyera, ndipo telala uja adasoka diresi poyang'ana chithunzi cha m'katalogi. Mayi uja pobwera kudzathokoza adagwada pakhomo nangoti, "Takhuta, Aphunzitsi," ndipo sadathe kupitiriza.

Kuyambira pamenepo khonde lija lidakhala ndi malamulo ake. Aphunzitsi sankalemberanso wogulitsa wopanda keyala yeniyeni, ngakhale wopempha achite kulira. Kachidutswa ka positi oda ankakapereka kwa mwini ndalama pamaso pa mboni. Kumene kudali kotheka ankasankha njira ya C.O.D., imene wogula amalipira pa kauntala ya positi katundu atafika, ndipo positi ndiyo imatumiza ndalamayo kwa wogulitsa. Njira imeneyi idali yodulirapo, koma ubwino wake udali woti positi siinkapereka katundu isanalandire ndalama, ndipo wogulitsa sankalandira ndalama katundu asanafike. Mbali zonse ziwiri zinkadalira munthu mmodzi wovala yunifolomu, wodziwika dzina ndi kwawo, amene mawa adzapezeka pa kauntala yomweyo.

Malondawa sadathe tsiku limodzi. Poyamba adangosintha kochokera. M'zaka za chitaganya, kuyambira 1953 mpaka 1963, katundu wa ku Salisbury ndi ku Bulawayo ankalowa mosavuta. Pambuyo pake makatalogi ambiri ankachokera ku Durban ndi ku Cape Town, ndipo ena ankabwera m'masutikesi a amuna obwerera ku migodi. Fakitale ya shuga ya SUCOMA itayamba ntchito ku Nchalo mu 1966, m'chigwa mudachuluka anthu olandira malipiro a pamwezi, amene ndiwo ogula enieni a pakalata. M'zaka za m'ma 1970 boma la Dr. Banda lidalamula amalonda a Chimwenye kuchoka kumidzi, ndipo pofika 1978 ankaloledwa kuchita malonda m'mizinda ikuluikulu yokha. Masitolo ambiri a pa Chiromo, ku Nsanje ndi ku Ngabu adatsala mabwinja kapena adakhala ndi mashelefu opanda kanthu. Munthu akadaganiza kuti imeneyi ndiyo nthawi yoti katalogi ilamulire, koma sizidatero. Kutumiza ndalama kunja kudayamba kufuna chilolezo ndi mafomu, msonkho wa katundu wolowa udakwera, ndipo msewu wa tala wokwera ku Thabwa udachititsa kuti munthu athe kupita ku Limbe pa basi, kukagwira yekha chimene akufuna, n'kubwerako.

Chimene chidatsiriza ndicho kuduka kwa njira. Shire adali atachenjeza kale mu 1948, pamene adagwetsa mlatho wa njanji wa pa Chiromo, koma nthawi imeneyo mlatho wina udamangidwa. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1980 nkhondo ya ku Mozambique idatseka njanji ya ku Beira, ndipo chigwa chimene chidali khomo la dziko chidasanduka kumathero kwake. Mmalo mwa mitokoma, malire adayamba kulowetsa anthu othawa nkhondo miyandamiyanda. Mu 1994 kwacha idasiyidwa kuti ipeze yokha mphamvu yake pamsika, ndipo idagwa kwambiri, kotero kuti mtengo uliwonse wolembedwa m'mapaundi kapena m'marandi udakhala wosafikirika kwa mphunzitsi wa pulayimale. Zaka zomwezo kaunjika adadzaza misika, ndipo jekete la ku Ulaya limene kale linkadikiridwa miyezi itatu lidayamba kupezeka pamulu, pansi pa mtengo, wogula n'kuliyesa pomwepo. Mu 1997 madzi osefukira adakokolola njanji pakati pa Bangula ndi Makhanga. Ngakhale kwawo kwa malondawa zinthu zidali zitasintha, pakuti Sears idaleka kusindikiza katalogi yake yaikulu mu 1993. Aphunzitsi, amene adali atapuma ntchito, adamwalira zaka zochepa pambuyo pake, ndipo m'bokosi lawo lachitsulo mudapezeka timitolo ta tizidutswa ta positi oda, tomangidwa ndi ulusi chaka ndi chaka.

Komabe kugula chinthu pochiona pachithunzi sikudafe. Kampani ya Amazon idayamba kugulitsa mabuku pa intaneti mu 1995, ndipo nzeru yake idali ya Ward ndi Sears yomwe ija: nyumba yaikulu yosungiramo katundu, mndandanda wa ogula ndi lonjezo lobweza ndalama. M'chigwa cha Shire katalogi yatsopano idalowa kudzera pa foni ya m'manja. Wamalonda wa ku Limbe kapena ku Johannesburg amaika zithunzi za nsapato, mapoto ndi madiresi pa WhatsApp kapena pa Facebook. Positi oda idalowedwa m'malo ndi Airtel Money, imene idayamba mu 2012, ndi Mpamba ya TNM, imene idatsatira mu 2013. Amene ali ndi ndalama zambiri amaitanitsa ngakhale galimoto ku Japan ataiona pachithunzi chokha. Zimene zinkatenga miyezi itatu tsopano zimatenga masiku awiri, ndipo palibe amafunika kudziwa Chingerezi cha m'kalata. Koma liwiro lomwelo limathandizanso wakuba. Ndalama ya pafoni ikapita yapita, ndipo nambala imene dzulo imayankha mwaulemu lero imangoti siikupezeka. Bokosi la makalata lopanda msewu lija lidabweranso ngati nambala ya foni, ndipo nyakwawa singaitane foni pansi pa mtondo.

Mdzukulu wina wa Aphunzitsi, mayi wogulitsa zovala za ana pamsika wa Ngabu, amaoda katundu wake wambiri mwa njira imeneyi. Agogo akewo adawaona ali wamng'ono, ndipo nkhani ya diresi la ukwati amangoimva kwa azakhali ake. Iye salipira ndalama yonse kwa munthu amene sadamuonepo. Amatumiza theka pafoni, ndipo theka linalo amapatsira kondakitala wina wa minibasi, mnyamata wa m'mudzi mwawo amene amayi ake amapemphera naye mpingo umodzi. Kondakitalayo akafika ku Limbe amamasula chikwama, nawerenga zovala, najambula chithunzi n'kutumiza, ndipo akamva kuti zili bwino ndi pamene amapereka ndalama yotsalayo. Pa ntchito imeneyi amalandirapo kangachepe, ndipo mayiyo amaiwerengera ndalamayo pa mtengo wa katundu monga momwe agogo ake ankawerengera sitampa ndi msonkho.

Mu Januwale 2022 namondwe wa Ana adadula msewu wa M1 m'malo angapo m'boma la Chikwawa, ndipo magalimoto adaima mbali zonse ziwiri. Chikwama cha mayiyo chidali chitatsika kale mapiri a Thabwa. Kondakitala adachisungitsa m'sitolo ya mnzake pa Dyeratu, ndipo chidakhala kumeneko masiku angapo. Mayiyo, kuli konse kumene adapeza potchajira foni, ankatsegula chithunzi chija n'kuonetsa makasitomala ake madiresi amene akubwera, ndipo awiri mwa iwo adalipiriratu.